Mbumba ya Nyangu ndi Mpando wa Kalonga: Momwe Ufumu wa Amaravi Unkayendera

Amene anazolowera mbiri ya mafumu a ku Ulaya amayembekezera kuti ufumu uzichoka kwa bambo n'kupita kwa mwana wake wamwamuna, kenako kwa mdzukulu, ndipo akafika pa ufumu wa Amaravi amasokonezeka msanga. Mwana wobereka wa Kalonga, mfumu yaikulu ya Amaravi, sankalowa ufumu wa bambo wake, ngakhale akhale wachisamba, wanzeru kapena wolimba mtima pa nkhondo, pakuti mwanayo anali wa mbumba ya amayi ake. Wolowa ufumu ankachokera m'mimba mwa Nyangu, mayi wa fuko la Phiri amene ankatengedwa kuti ndi mayi kapena mlongo wa Kalonga aliyense. Choncho wofuna kumvetsa momwe ufumu umenewu unakulira mpaka kumveka kuchokera ku mtsinje wa Luangwa kukafika kugombe la Mozambique, ndi momwe unagawikira pambuyo pake, ayenera kufunsa kumene kunali Nyangu pa nyengo iliyonse, osati kungoloweza mayina a amuna amene anakhala pampando.

Mbiri ya pakamwa, imene Samuel Josia Ntara anasonkhanitsa yambiri m'buku lake la Mbiri ya Achewa, imati Aphiri anachokera ku Uluwa, dziko la Aluba limene lero lili kum'mwera chakum'mawa kwa Congo. Imatchula malo amene anaimapo pa ulendowo, monga Choma ndi Kaphirintiwa wa m'mapiri a Dzalanyama, asanakakhazikike kumunsi kwa mapiri a Dedza, pafupi ndi Mtakataka, kumene kunali Mankhamba ndi Manthimba. Mayina a Akalonga oyambirira amene amamveka kawirikawiri ndi Mazizi, Chinkhole ndi Chidzonzi, koma madera amasiyana pa za amene anatsogola ndi amene anatsatira. Kusiyanaku sikodabwitsa, chifukwa munthu akalongedwa ufumu dzina lake lobadwa nalo linkamira m'dzina la mpando, ndipo zochita za amuna angapo zinkakumbukiridwa ngati za munthu mmodzi wotchedwa Kalonga. Nthaka yaperekako umboni wake. Yusuf Juwayeyi, katswiri wa ku Malawi wofukula zakale, atakumba pa Mankhamba anapeza zizindikiro zoti m'zaka za m'ma 1400 anthu anali atakhazikika kale pamalopo, ndipo anapezanso zitsulo, zinthu za mkuwa, zidutswa zambiri za minyanga ya njovu, mikanda yagalasi yochokera kutsidya kwa nyanja ndi mapale a mbale za ku China. Mudzi wa Kalonga sunali wobisika m'tchire, unali kumapeto kwa njira ya malonda yofika ku Asia.

Aphiri sanapeze dziko lopanda eni. Kunali Akafula, alenje amene ena amawatcha Abatwa, ndiponso kunali alimi a fuko la Banda amene anali ndi akachisi awo a mvula, otsogozedwa ndi amayi ogwidwa ndi mzimu. Mlendo angathe kugonjetsa anthu ndi mkondo, koma mizimu ya dziko siimudziwa, ndipo pakati pa alimi odalira mvula mfumu yosadziwika ndi mizimu siikhalitsa. Njira imene inapezeka inali ya ukwati. Mkazi wamkulu wa Kalonga, wotchedwa Mwali, ankayenera kuchokera kwa Abanda, ndipo iyeyu ndiye ankasunga kachisi wa pa Mankhamba ndi zonse zokhudza nsembe za mvula, pamene Kalonga ankayang'ana za milandu, nkhondo ndi malonda. Pa bwalo la Kalonga panali tsono amayi awiri amene udindo wawo sunkafanana ngakhale pang'ono. Mwali anali mkazi wa mfumu, koma ana ake anali Abanda ndipo mpando sunkawakhudza. Nyangu sanali mkazi wa mfumu, koma mfumu ya mawa inali m'nyumba mwake. Mphamvu ya mvula inali m'manja mwa fuko lina, magazi a ufumu m'manja mwa fuko lina, ndipo Kalonga anali pakati, wosatha kuima popanda mmodzi wa awiriwa.

Kuti timvetse kumene kunkachokera mikangano, tiyenera kutsikira pa mudzi wamba wa Achewa, pakuti ufumu waukulu unkangotsata dongosolo lomwelo limene tikuliona lero pamene nyakwawa yamwalira. Mwamuna ndi nkhoswa ya alongo ake ndi ana awo, amene ndiwo mbumba yake, ndipo ana obereka iye ali ndi nkhoswa yawo kuchimuna kwa amayi awo, ndiye kuti atsibweni awo. Mbumba imagawika m'mabele, kutsata amayi amene anabereka: pali bele lalikulu, lochokera kwa mlongo wamkulu, ndi mabele aang'ono. Mwambo umati ufumu ndi wa bele lalikulu, koma sutchula munthu mmodzi. Pamakhala ang'ono a mfumu yomwalirayo, pamakhala ana a alongo ake angapo, ndipo akuluakulu pamodzi ndi ntchembere za mbumbayo amayang'ananso khalidwe la munthu asanamugwire. Ubwino wa dongosololi ndi wakuti ufumu sugwera m'manja mwa khanda kapena chitsiru chifukwa chongobadwa choyamba. Kuipa kwake ndi kwakuti maliro a mfumu aliwonse amasiya amuna awiri kapena atatu amene aliyense ali ndi chifukwa chomveka chonenera kuti walandidwa. Pa mudzi, wolandidwayo amasonkhanitsa alongo ake n'kukamanga mudzi wina kutsidya kwa dambo. Pa ufumu wa Kalonga, ankatenga anthu mazanamazana n'kukayamba dziko.

Akalonga anzeru anaona kuti ndi bwino kuwatuma okha abale otere asanapanduke. Mng'ono kapena mwana wa mlongo ankapatsidwa dera lakutali kuti akhale mwini dziko, azigawa malo, aziweruza milandu, azipereka mizinda ya chinamwali kwa mafumu aang'ono, ndipo azitumiza mtulo ku likulu. Mwa njira imeneyi mayina monga Kanyenda wa ku Nkhotakota ndi Chulu wa ku Kasungu anafalikira kumpoto. Chimene chinkamanga mafumuwa pamodzi chinali chibale cha mayina. Ngati woyamba kutchedwa Undi anali mng'ono wa Kalonga, ndiye kuti Undi aliyense wobwera pambuyo ndi mng'ono wa Kalonga aliyense, ngakhale patapita mibadwo khumi ndipo anthu awiriwo sanaonanepo. Wolowa dzina ankalowa ndi abale ake a dzinalo, ngongole zake ndi ulemu wake womwe. M'dziko lopanda zolembalemba, chibale chotere chinkagwira ntchito imene kwina inkagwiridwa ndi mapangano olembedwa, ngakhale kuti mng'ono amene walemera kuposa mkulu wake amayamba kuiwala njira ya kwa mkuluyo.

Pa likulu panali nduna za maudindo odziwika: Khombe, wa fuko la Mwale, ankatsogolera nkhondo, Mgawi ankagawa malo, ndipo Mkomba ankapha olakwa amene aweruzidwa kuti afe. Mtulo unali wa zinthu zosonyeza ufumu ndi zogulitsika: zikopa za mikango ndi akambuku, makasu osulidwa, ndi mnyanga wa njovu umene wakhudza pansi nyamayo ikagwa, pakuti umenewo unali wa mwini nthaka. Chaka ndi chaka, chilimwe chili pakati, akuluakulu a mabanja a Aphiri ankaitanidwa ku Manthimba ku mwambo wa Mlira, wolemekeza mzimu wa Kalonga amene anatsogolera makolo polowa m'dziko, ndipo mwambowo unkatha ndi kutentha tchire la Marimba m'mbali mwa nyanja. Moto unali chizindikiro cha Aphiri, ndipo ambiri amagwirizanitsa dzina la Maravi ndi malawi a moto. Koma Mlira unalinso kalembera wa ndale, chifukwa mfumu imene yalephera kufika inali itanena kanthu popanda kutsegula pakamwa.

Oyamba kupatuka mwamkangano, malinga ndi mbiri ya pakamwa, anali Kaphwiti ndi Lundu, amene anatsikira kuchigwa cha Shire pa nkhani yokhudza ufiti ndi mwavi. Kaphwiti ndiye anali wamkulu, koma Lundu, amene anakhala kumunsi pa Mbewe ya Mitengo, anali pafupi ndi Zambezi ndi malonda ake, m'dera la thonje, mchere ndi zitsulo, ndipo posapita nthawi anamuposa. Apa m'pamene zolemba za Apwitikizi zimayamba kutithandiza. Iwo anakhazikika ku Sena ndi ku Tete m'zaka za m'ma 1530, ndipo gulu lankhondo la Francisco Barreto litafika ku Sena kuchiyambi kwa zaka za m'ma 1570 linapha amalonda achisilamu amene kwa nthawi yaitali ankagula minyanga kwa anthu a kumpoto kwa mtsinjewo. Patapita zaka pafupifupi makumi awiri kunabuka ankhondo amene Apwitikizi anawatcha Azimba. M'chaka cha 1592 iwo anapha akapitawo a Sena ndi Tete, André de Santiago ndi Pedro Fernandes de Chaves, pamodzi ndi wansembe Nicolau do Rosário, ndipo chaka chotsatira anabweza gulu lina lochokera ku chilumba cha Mozambique. Wansembe João dos Santos, amene buku lake linatuluka mu 1609, anawajambula ngati anthu odya anzawo, mawu amene tiyenera kuwalandira mosamala popeza analembedwa ndi mbali imene inagonja. Akatswiri ambiri amaona kuti Azimba a kufupi ndi Sena anali ankhondo a Lundu, ndipo n'zoona kuti m'zaka zotsatira mphamvu ya Lundu inafika kutali kum'mawa, pakati pa Alolo ndi Amakua.

Kupatuka kwa Undi kunali kwa mtundu wina, ndipo ndi kumene kunasintha tsogolo la mzere wonse wa ufumu. Nkhani imati Kalonga atamwalira, Undi, amene anali m'bale wake ndipo ankayembekezera mpando, anakanidwa ndi akuluakulu, ndipo m'malo mwake analonga mwana wa mlongo. Undi anachoka kulowera kumadzulo nakamanga ku Mano, m'dera la mtsinje wa Kapoche, limene lero lili m'chigawo cha Tete ku Mozambique. Chachikulu si ulendowo koma anthu amene anapita nawo, pakuti anatenga Nyangu ndi akazi ambiri a banja lachifumu. Kwa munthu woganiza mwa ufumu wa bambo ndi mwana, zimenezi zingaoneke ngati mwamuna wokwiya amene wasamuka ndi alongo ake. Kwa Mchewa tanthauzo lake ndi loopsa: Kalonga anatsala ndi mpando, ng'oma ndi kachisi, koma nkhokwe ya mafumu a mawa inapita ku Mano. Kuyambira pamenepo, Kalonga akamwalira, wolowa m'malo wa magazi enieni ankayenera kufunidwa kwa Undi, mng'ono amene pa mwambo anali wotsika. Ku Mankhamba nako, kusowa kwa Nyangu kunakuza mawu a Mwali ndi nduna za mafuko ena, ndipo mbiri ya pakamwa imakumbukira kuti m'mibadwo yakumapeto pampando panakhalapo amuna amene sanali Aphiri.

Undi anaphunzira bwino luso la makolo ake. Pakati pa Ansenga a ku Luangwa sanadalire mkondo wokha, koma analowetsa atsogoleri a mafuko a kumeneko, monga Kalindawalo, m'chibale cha mayina kudzera m'maukwati. Pa nkhani ya mvula, anakhala mtetezi wa kachisi wa ku Msinja, kufupi ndi Dzalanyama, kumene kunali Makewana, mayi wa ana onse. Makewana sankakwatiwa ndi munthu, pakuti ankatengedwa kuti ndi mkazi wa Chisumphi, mulungu wa mvula, sankameta tsitsi poopa kuti mvula ingameteke nalo, ndipo ankatumikiridwa ndi atsikana otchedwa Matsano. Kamundi, wa fuko la Mbewe, ankaimira nsato yopatulika Thunga pa miyambo, ndipo Tsang'oma ankaimba ng'oma ya Mbiriwiri yoitanira anthu kunsembe. Msinja unali mudzi wopanda linga, wosaloledwa kukhetserapo magazi, ndipo mafumu akutali ankatumizako mphatso chilala chikavuta. Lundu nayenso anachita chimodzimodzi ndi kachisi wa Mbona, amene mpaka lero ali ku Khulubvi m'boma la Nsanje, ngakhale kuti nkhani ya Mbona yeniyeniyo ndi ya munthu wa mvula wophedwa mosalakwa pa mkangano ndi olamulira. Mafumu onse atatu anadziwa kuti wopanda kachisi alibe dziko, ndipo onse atatu sanathe kuwasandutsa akachisiwo kukhala awoawo kotheratu.

Mfumu ya Amaravi imene zolemba za nthawiyo zimaifotokoza kwambiri ndi Muzura. Mu 1608 anatumiza ankhondo 4,000 kutsidya kwa Zambezi kukathandiza Apwitikizi amene ankachirikiza Gatsi Rusere, mfumu ya Mutapa, polimbana ndi oukira. Mu 1616 Gaspar Bocarro, pa ulendo wake wapansi wochokera ku Tete kupita ku Kilwa, anachereredwa pamudzi wa Muzura ndipo anapatsidwa operekeza. Mu 1622 Apwitikizi anabweza ngongole pomuthandiza kugonjetsa Lundu, ndipo njira ya malonda yopita kugombe inagwera m'manja mwake. Ubwenziwo sunakhalitse. Gatsi Rusere atamwalira, Muzura anaoloka Zambezi mu 1623 kuti alande dziko la golide la Mutapa koma anabwezedwa, ndipo kuchiyambi kwa zaka za m'ma 1630 anagwirizana ndi Kapararidze wa ku Mutapa polimbana ndi Apwitikizi, nkhondo imene inafika mpaka ku Quelimane koma inathera m'kugonja. Chovuta n'chakuti akatswiri sagwirizana ngati Muzura anali Kalonga. Edward Alpers anamuona ngati Kalonga weniweni wa ku Manthimba. Malyn Newitt ndi Matthew Schoffeleers anakayikira, poona kuti zolemba zina zimamufotokoza ngati munthu wobwera amene anadzikweza ndi nkhondo, ndipo Schoffeleers anaika likulu lake kumadera a Mwanza ndi Neno. Kwa ine mkanganowu ukuonetsa chinthu china chofunika: Apwitikizi ankalemba za munthu amene anali ndi ankhondo ndi minyanga, pamene osunga mbiri a Achewa ankakumbukira munthu amene anali ndi bele. Anthu awiriwo sankayenera kukhala mmodzi nthawi zonse. Chimene sichikayikitsa n'chakuti pofika 1667, pamene wansembe Manuel Barreto ankalemba za maiko a Zambezi, wolamulira wamkulu wa Amaravi ankadziwika ndi dzina lakuti Caronga, ndipo ulamuliro wake unkanenedwa kuti ukufika kufupi ndi chilumba cha Mozambique.

Ufumu wotambalala chotere unkaima pa chinthu chimodzi chosalimba, ndicho chakuti minyanga idutse m'manja mwa mfumu yaikulu ndipo nsalu ndi mikanda zitsike kuchokera kwa iyo kupita kwa mafumu aang'ono. M'zaka za m'ma 1700 amalonda a Chiyao, ndipo kenako a Chibisa, anayamba kufika okha pamidzi ya eni dziko n'kumagula pomwepo, moti mfumu ya kutali inalibenso chifukwa chonyamulira mnyanga ulendo wa masabata kupita kwa mkulu wake wa dzina. Kwa Undi kunabwera vuto lina pamene golide anapezeka m'dziko lake chapakati pa zaka zomwezo. Apwitikizi ndi Agoa, anthu ochokera ku Goa m'dziko la India, anatsegula migodi, anabwera ndi akapolo awo ankhondo otchedwa Achikunda, ndipo banja la Caetano Pereira, limene linalandira malo kwa Undi, linadzasanduka ufumu wodziimira wa Makanga. Pamene António Gamitto ankadutsa m'dzikoli mu 1831 pa ulendo wopita kwa Kazembe, anapeza mayina a mafumu aakulu akulemekezedwabe, koma mfumu iliyonse ya m'njira ikulipiritsa alendo payokha.

Zotsala zinachitika mofulumira. Angoni a Zwangendaba anaoloka Zambezi mu November 1835, tsiku limene kadamsana anaphimba dzuwa, ndipo m'zaka makumi otsatira magulu a Angoni anakhazikika pakati pa Achewa, a Maseko ku Dedza ndi Ntcheu, a Mpezeni kumadera a Chipata. Msinja, mudzi wopanda linga uja, unapasulidwa. Malonda a akapolo analowa m'malo mwa malonda a minyanga yokha, ndipo mfuti zinapatsa mphamvu aliyense wotha kuzigula. Sosola, Kalonga womaliza wa ku Mankhamba, anaphedwa pa nkhondo ndi Ayao m'zaka za m'ma 1860. M'zaka zomwezo chigwa cha Shire chinasakazidwa ndi ogwira akapolo komanso njala ya 1862 ndi 1863, ndipo Amakololo amene anabwera ndi David Livingstone anapha Lundu n'kugawana dziko lake. Dzina la Lundu linadzakwezedwanso kukhala la mfumu yaikulu ya Amang'anja dziko la Malawi litalandira kale ufulu.

Pa mipando itatu ija, umene unatsala ndi mbumba yachifumu unali wa Undi. Mphamvu zake zinali zitatha, ndipo malire a atsamunda anadula dziko lake patatu, kusiya Mano m'manja mwa Apwitikizi pamene anthu ake ambiri anali pansi pa Angerezi. M'zaka za m'ma 1930 Undi anasamukira ku Northern Rhodesia, kumene boma linamuvomereza kukhala mfumu yaikulu ya Achewa a kumeneko, ndipo likulu lake lero lili ku Mkaika m'boma la Katete ku Zambia. Popeza ku Mankhamba kunalibenso wolowa, ndipo Nyangu anali kwa Undi kuyambira kalekale, dzina la Kalonga linatsata magazi, n'chifukwa chake mfumuyi imatchedwa Kalonga Gawa Undi. Mwambo wa Kulamba, umene unatsitsimutsidwa mu 1984 ndipo umachitika Loweruka lomaliza la August, ndi mtulo wakale uja m'maonekedwe a lero: mafumu a Achewa ochokera ku Malawi, Mozambique ndi Zambia amafika kudzapereka mphatso ndi kufotokoza za madera awo, ndipo mu 2007 atsogoleri a maiko atatuwa, Bingu wa Mutharika, Armando Guebuza ndi Levy Mwanawasa, anakhalapo onse. Nyangu akadalipo pa bwaloli ndipo amakhala ndi malo ake aulemu. Mfumu imene inalongedwa mu 2004, Gawa Undi wa nambala 11, dzina lake lobadwa nalo ndi Frederick Daka, ndipo ena amadabwa kuti munthu wotchedwa Daka akhala bwanji pampando wa Aphiri. Yankho lili m'kusintha kwa katchulidwe ka mfunda, pakuti masiku ano Achewa ambiri amalembetsa dzina la kwa bambo kusukulu ndi pa chiphaso, pamene ufumu ukuyendabe m'bele la amayi monga unkayendera ku Mano ndi ku Manthimba.